Mtedza Umene Ndinauthira Madzi

Zikomo, apampando. Alimi anzanga, mundilole ndilankhule nditaima pomwe pano. Kutsogoloko sindifika.

Dzina langa ndine Layisoni. Kwathu kobadwira ndi cha ku Fort Lister, koma ndimakhala kwa Kaduya, kuchikamwini. Alangizi anandipempha kuti ndinene mawu musanayambe kukumba mtedza chaka chino, ndipo ndinakana kawiri. Kachitatu ndavomera chifukwa ndamva kuti kalabu yanu yapeza wogula wotumiza mtedza kunja. Pakati panu pakhala munthu mmodzi amene mumupatse sikelo ndi makiyi a nyumba yosungira. Sindikumudziwa, koma ndabwera makamaka chifukwa cha iyeyo.

Ifenso kwathu tinali ndi kalabu, mabanja makumi atatu. Wapampando anali a Muhiwa, amalume ake a mkazi wanga Esinati. Chaka china kunabwera mayi wina wa ku Limbe wogula mbewu zotumiza kunja. Anakhala nafe pabwalo la tchalitchi, natenga khoko la mtedza n'kuligwedeza pafupi ndi khutu.

“Mtedza wanu sindikufuna muuswe,” anatero. “Ndikufuna wa makoko omwe. Kutsidya kwa nyanja amaukazinga ndi makoko ake, anthu n'kumaswa okha akucheza. Ndiye khoko likhale loyera, louma, loti ukaligwedeza lizilira chonchi. Kumsika umenewo simuli nokha. Kuli mtedza wa ku China, wa ku Amereka, wa ku Iguputo, ndipo eni akewo ali ndi makina. Inu muli ndi manja ndi dzina labwino basi. Akakapeza chuku m'thumba limodzi sabweza thumbalo lokha, amabweza katundu yense. Ndipo sanena kuti ndi wa kwa Kaduya. Amati ndi wa ku Malawi.”

Anatisiyira kachipangizo koyezera chinyezi ndi chitsulo chobayira thumba potapa mtedza woyeza. A Muhiwa anayang'ana gulu lonse n'kuloza ine.

“Apatseni akamwini angawa. Kusukulu anapitako, mowa samwa, mawu sachulutsa.”

Chaka choyamba zonse zinayenda bwino. Mtedza unapita, mayi uja anaimba foni kuti ogula akunja akondwa, ndipo m'mudzi munayamba kuwala malata. Chaka chachiwiri anapempha wochuluka, koma mvula inadula msanga, zokolola zinachepa. Apa mpamene ndinakumana ndi Bonifesi, venda wa ku Chiringa.

“Achimwene,” anandiuza, “woyeza ndinu, wosoka matumba ndinu, wosaina pepala ndinu. Akufunseni ndani?”

Anali ndi mtedza wotchipa, wokumba usanakhwime, woyanika padothi, wina wochokera kutsidya kwa malire. Nthawi imeneyo chiperoni chinali chitatsika m'phiri, masiku anayi dzuwa osaoneka, ndiye mtedzawo unali wozizira m'manja. Ndinagula. Lamulungu masana, anthu ali kutchalitchi, ndinkatsekula nyumba yosungira ndekha. Wouma ndinkauika pansi ndi pakamwa pa thumba, wa Bonifesi pakati. Sabata yachiwiri ndinaona kuti sikelo imakonda chinyezi, ndiye ndinayamba kuviika tsache mundowa n'kumawaza. Matumba amenewo ndinkawalemba m'dzina langa ngati zokolola za m'munda mwanga. Onse a kalabu tinkasoka ndi ulusi woyera. Awa ndinasoka ndi wofiira, kuti tsiku lodzatenga katundu ndidzadziwe oti ndiwabise pansi pa mulu, asabayidwe. Analipo khumi ndi anayi.

Chimene ndinkafuna chinali njinga yamoto. Si njala, si matenda, musandimvere chisoni. Njinga yamoto. Mayi uja ankalipira theka pa tsiku lonyamula, ndipo sabata yomweyo ndinaigula.

Mantha anayamba pamene lole inkakhota kutuluka m'mudzi. Patapita milungu isanu a Muhiwa analandira foni. Mtedza unali usanakwere ulendo wa kudoko. Unayezedwa kaye mumzinda, ndipo anaupeza ndi poizoni wa chuku wopitirira kutali muyezo umene akunja amalola. Mulu wina unali wotentha mkati ngati manyowa. Wogula wa kutsidya kwa nyanja sanadikire, anakatenga kudziko lina. Lole yomwe ija inabwerera ndi matumba athu onse, pamodzi ndi kalata yoti mtedzawo usadyedwe, ngakhale kupatsa ziweto.

Pamsonkhano anthu anakwiya, koma sanakwiyire ine. Ankati mayi uja wapeza wotchipa kwina, akungonamizira chuku. Wina anati, “Layisoni, tatsekulani thumba tione.” Ndinadzuka, ndinasankha la ulusi woyera, ndinatsekula. Mtedza woyera mbee, wolira. Ndinatsekula lachiwiri, laulusi woyeranso. Anthu anawomba m'manja mokwiya. Mlangizi wathu anachonderera kuti tidikire, ayitane oyeza, koma ndani akanamumvera? Anthu anali atataya msika, sakanalola kutayanso chakudya. Anagwirizana zogawana matumba mowerenga mitu, osayang'ananso mayina.

Ndiye a Muhiwa, chifukwa cha mtima wawo wabwino, anati, “Matumba awiri apite kusukulu ya mkombaphala. Ana athu adyeko phala la nsinjiro.”

Ndinaima pakhomo pa nyumba yosungira ndikuona matumba akukwezedwa panjinga. Ulusi wofiira ukupita kwa uje, wina kwa uje. Kwathu ndinaonetsetsa kuti kwapita woyera. Koma pa awiri a kumkombaphala aja, limodzi linali lofiira. Ndinaliona ndi maso angawa. Ndipo mwana wanga Tadala, wa zaka zitatu, ankapita kusukulu yomweyo m'mawa uliwonse, kambale kake kali m'jumbo.

Sindinanene kanthu. Ndinadziuza kuti ayamba ndi thumba loyera. Ndinadziuza kuti amayi ophika amasankha, owola ataya. Ndinadziuza kuti moto upha chilichonse, ngakhale kuti pamaphunziro anatiuza momveka kuti poizoni ameneyu saphedwa ndi kukazinga kapena kuwiritsa, ndipo amakhalanso m'njere zooneka zabwino. Kawiri ndinauza Esinati kuti mwana asapite kusukulu, kukuzizira. Anandiseka.

“Kuzizira kwake kuti, bambo a Tadala? Anzake onse akupita.”

Munthu wosamwa uja ndinayamba kachasu. Ndinkachoka m'mawa ngati ndikupita kukanyamula anthu panjinga, n'kukakhala kuseri kwa msika mpaka dzuwa kupendeka. Foni ikalira ndinkaopa kuiyankha. Ndikaona mwana aliyense wa m'mudzi ndinkamuyang'ana m'maso, osadziwa n'komwe chimene ndikufuna kuona. Milungu itatu ndinakhala choncho.

Tadala anayamba ndi kukana chakudya. Tsiku lotsatira kusanza. Tinati ndi malungo, chifukwa anali atangochira kumene malungo ena, thupi lisanabwerere. Lachitatu m'mawa Esinati anandiitana panja, mwana ali m'manja.

“Taonani maso akewa.”

Poyera pa maso panali pachikasu ngati dzungu. Mimba itatupa, mapazi atatupa. Mwana wolongolola uja anangondiyang'ana, mutu uli paphewa pa mayi ake. Abale anga, ndakhalapo m'ndende, koma mantha amene ndinamva pakhonde paja sindinawamvenso kwina kulikonse.

Tinamukweza panjinga yamoto ija mpaka kuchipatala. Anamutenga magazi, ife tikudikira pabenchi. Kenaka anatilowetsa kwa dokotala, mayi wachitsikana wolankhula Chichewa cha kumpoto. Anamugoneka Tadala pabedi, n'kumusindikiza pansi pa nthiti za kumanja. Mwanayo analira kulira kopanda mphamvu, ngati kamwana ka mbuzi.

“Malungo palibe,” anatero dokotala. “Koma chiwindi chatupa. Zoyambitsa zilipo zingapo, tiyeza zina. Mwanayu wakhala akudya chiyani masabata apitawa?”

Esinati anatchula zonse: makaka a chinangwa, nandolo, mbatata, ndi phala la kumkombaphala.

“Phalalo amathira chiyani?”

“Nsinjiro.”

Dokotala anasiya kulemba. “Kwanuko kuli chimanga kapena mtedza wochita chuku?”

“Ayi, adokotala,” anayankha mkazi wanga mwachangu. “Kunali nkhani yotero, koma linali bodza la wogula. Amuna angawa ndi amene ankayeza mtedza wonse. Anatsekula matumba pamaso pa anthu, unali woyera. Tawauzani, bambo a Tadala.”

Anatembenuka kundiyang'ana ndi nkhope yodalira. Zaka zisanu ndi zitatu za ukwati ndinali ndisanamunamizepo chinthu chachikulu, ndipo iye ankadziwa choncho. Ndinkamva fungo la kachasu wa dzulo likutuluka m'thukuta langa. Pakhoma panali wotchi, ndipo ndinaiyang'ana chifukwa sindikanatha kuyang'ana munthu. Inali itangopitirira naini koloko.

Dokotala anandiyang'anitsitsa nthawi yaitali.

“Bambo, ine sindine wapolisi. Poizoni wa chuku sindingathe kumuyeza pano, ndiye ndidalira pakamwa panu. Ngati mukudziwa kanthu, kandithandiza kudziwa chochita ndi mwanayu. Komanso tamvani. Kusukuluko kuli ana angati?”

“Oposa makumi anayi,” anayankha Esinati.

“Amadya nthawi yanji?”

“Teni koloko.”

Panja wina ankakoka machira, mawilo ake akulira. Ine m'mutu munkabwera zonse nthawi imodzi: a Muhiwa, apolisi, ukwati wanga, anthu a m'mudzi ndi zikwanje. Ndinaganizanso kuti ndikangokhala chete, palibe munthu padziko amene angadziwe za ulusi uja, chifukwa ngakhale Bonifesi sankadziwa. Ndikuuzani zoona, ganizo limenelo linabwera mwana wanga ali gone pamaso panga. Ndi mmene ndinali nditaolera.

Tadala anatambasula dzanja n'kugwira chala changa. Mwina ankangofuna madzi. Dzanjalo linali lotentha, zikhadabo zachikasu.

“Wogula sananame,” ndinamva mawu anga akutuluka. “Ndinaika mtedza wosauma pakati pa matumba. Ndinathiranso madzi. Limodzi mwa matumbawo lili kumkombaphala.”

Esinati sanakuwe. Anachotsa dzanja la mwana pachala changa pang'onopang'ono, ngati akuchotsa pamoto.

“Munkadziwa?” anafunsa motsitsa mawu. “Tsiku lililonse ndikumutsuka kambale, inu munkadziwa?”

“Ndinkadziwa.”

“N'chifukwa chake munkati kukuzizira.”

Dokotala anaima pakati pathu. “Mayi, zimenezo pambuyo. Mwanayu tikumugoneka. Bambo, muli ndi foni ya aliyense wa kusukuluko?”

Ndinaimbira mayi Feliya, amene ankayang'anira ophika. Foni yawo inali yozima. Ndinaimbira a Muhiwa, inangoitana, anali kumunda. Dokotala anati, “Thamangani. Ine ndiuza azaumoyo akutsatireni.”

Msewu umene uja ndimaudziwa dzenje lililonse, koma tsiku limenelo sindikumbuka kuti ndinadutsa bwanji. Ndikukumbuka kuti ndinkapemphera mokuwa, munthu amene ndinali nditatha masabata ndikuba pa nthawi ya mapemphero. Sindinkapempha chikhululukiro. Ndinkangoti, “Ambuye, nkhuni zikhale zaziwisi, moto uchedwe.”

Nditafika ndinapeza ana atandanda pamzere, akusamba m'manja pabeseni, timbale tili m'khwapa. Mayi Feliya anali ataphula kale mphika waukulu uja, chipande chili m'manja, ndipo kamtsikana koyamba kanali katatambasula mbale. Ndinagwetsa njinga injini ikulira. Ndinagwira mphikawo ndi manja opanda kanthu n'kuugubuduza. Phala linayenderera padothi, likufuka nthunzi. Zipsera zake ndi izi, mukuziona m'zikhatomu.

Ana anabalalika akulira. Mayi Feliya anandimenya ndi chipande paphewa.

“Mwapenga kodi, a Layisoni? Chakudya cha ana!”

“Muli poizoni, mayi! Thumba la mtedza lili kuti?”

Anandilozera m'kachipinda. Loyera linali lisanatsekulidwe n'komwe. Lofiira linali litafika pansi pa theka. Nditalipendeketsa panatuluka fungo lachinyontho, makoko akuda, ena omera ubweya wobiriwira mkati. Mayi Feliya anasuzumiramo.

“Tinkasankhatu,” ankangobwereza. “Oipa tinkataya. Tinkatsuka, tinkayanika. Tinkasankhatu.”

Anthu anathamangira kuchokera m'minda. A Muhiwa anafika khasu lili paphewa. Ndinagwada pamatope a phala lomwelo n'kunena zonse, kuyambira kwa Bonifesi mpaka pa tsache. Munthu wina anatola njerwa. A Muhiwa anaimika khasu patsogolo panga.

“Mumupha mawa. Lero tikumufuna wamoyo, chifukwa ndi yekhayu akudziwa matumbawo.” Kenaka anandiyang'ana. “Alipo angati?”

“Khumi ndi anayi, amalume.”

“Usanditchule amalume. Dzuka.”

Tsiku lonselo tinayenda khomo ndi khomo, ine, a Muhiwa, mlangizi ndi azaumoyo awiri. Pakhomo lililonse ndinkanena ndekha chimene ndinachita, chifukwa a Muhiwa anakana kundinenera. Ena anali atakhuthulira kale mtedza m'nkhokwe n'kusakaniza ndi wabwino, ndipo wonsewo unayenera kutayidwa. Amayi ena anandilavulira. Gogo wina anangondionetsa nkhuku zake zakufa zimene anazipatsa zosankha za mtedzawo. Pofika madzulo tinapeza khumi ndi limodzi. Atatu anali atagulitsidwa kale kwa mavenda pamsika. Azaumoyo analengeza, anafunsa, koma sanapezeke. Mpaka lero sindidziwa amene anadya mtedza umenewo. Mwina unakazingidwa n'kugulitsidwa m'timapepala padepoti, mwina unalowa m'phala la mwana wa munthu amene sindidzamuona. Chimenechi sichinathe, ndipo sichidzatha.

Zomwe tinapezazo anazitentha m'dzenje n'kukwirira. Ana onse a mkombaphala anawatengera kuchipatala kukaonedwa. Awiri anawagoneka masiku ochepa n'kutuluka. Ine a Muhiwa anandiperekeza okha kupolisi dzuwa lisanalowe, akuyenda pambali panga kuti anthu asandigwire. Pakhomo pa polisi mpamene anati, “Ine ndi amene ndinakuloza pagulu. Anthu aja akamalira, akulira chala changa.”

Kukhoti sindinakane mlandu. Anandipatsa miyezi isanu ndi inayi. Masabata atatu oyamba m'ndende sindinkadziwa ngati Tadala ali moyo. Woyang'anira akaitana dzina langa, ndinkaganiza kuti uthenga wa maliro wafika. Thupi linkafunanso kachasu. Pa tsiku la makumi awiri kunabwera mlongo wanga. Sanandipatse moni. Anati, “Mwana watuluka m'chipatala dzulo. Akudya.” Ndinakhala pansi pomwepo n'kulira pamaso pa akaidi anzanga. Esinati sanabwere ngakhale kamodzi, ndipo sindinamudandaule.

Tsopano ndinene za kubwerera, chifukwa ena mwa inu mwina muli kale pakati pa njira imene ndinayenda.

Nditatuluka sindinapite kwa Kaduya. Kuchikamwini munthu subwerera wekha ngati wachoka chotero. Ndinakakhala kwa mlongo wanga ku Fort Lister, ndikutema nkhuni ndi kulima maganyu. Choyamba ndinapita kwa abusa n'kuwauza za mowa, ndipo anandiphatikiza ndi abambo ena atatu amene anasiya. Tinkakumana Lachinayi lililonse. Ndinagwa kamodzi, mwezi wachiwiri, ndipo ndinakanena ndekha Lachinayi lotsatira. Ndinaphunzira kuti chimene chinandiwononga si mowa kapena njinga, koma kukhala ndi chinthu chimene ndikudziwa ndekha. Kuyambira pamenepo ndinadziikira lamulo loti chinthu chondichititsa manyazi chisagone mwa ine kupitirira sabata ndisanauze munthu.

Njinga ija inagulitsidwa, ndalama zonse zinapita kukalabu. Sizinakwane kubweza zimene anthu anataya, ndipo sindinamizira kuti zinakwana. Ndiye ndinatuma ankhoswe kwa a Muhiwa kukapempha chinthu chimodzi: andilole kugwira ntchito ya manja ya kalabu, popanda malipiro. Anakana. Patapita miyezi itatu ndinatumanso. Anati, “Abwere, koma sikelo asaiyandikire.” Nyengo yonse yokolola ndinkayenda wapansi kuchokera ku Fort Lister m'mamawa, kumanga mathandala oyanikira, kunyamula matumba, kusesa nyumba yosungira. Anthu ena sankandiyankha moni. Mayi Feliya anasiya kuphikira ana, akuti manja awo sakuwakhulupiriranso, ndipo kwa iwo ndinapita katatu asanandilole kukhala pampando.

Ndinapitanso ku Limbe kwa mayi wogula uja, pamodzi ndi a Muhiwa. Ndinamuuza kuti mabanja aja sanalakwe, wolakwa ndine. Anandimvetsera mpaka kumapeto, n'kunena kuti, “Wogula wanga uja ndinamusaka zaka zinayi. Pano akutenga kwina, ndipo foni yanga sayankha. Inu munkaona ngati mukunyenga ine, koma kumsika kuja anthu anangosuntha n'kutseka mpata wathu.” Sanalonjeze kanthu. Anabweranso patapita zaka ziwiri, ndi wogula wina wamng'ono, ndipo amatenga gawo lochepa la zimene ankatenga kale.

Kalabu yathu inasintha kachitidwe, ndipo izi muzitenge. Poyeza pamakhala anthu atatu, mmodzi mwa iwo mayi, ndipo amasinthana. Makiyi ndi awiri, amasunga anthu a mabanja osiyana. Thumba silisokedwa mwini wake ali yekha, amalikhuthula kaye pamkeka anthu akuona. Musanene kuti wathuyu ndi wokhulupirika. Inenso ndinali wokhulupirika. Munthu wabwino mukamusiya yekha ndi sikelo mwamuika pamayesero, ndipo mlandu wina ndi wanu.

Za mtedza weniweniwo alangizi akuuzani bwino kuposa ine, koma ndinenepo zimene ndinaziphunzira ndi zipsera. Musakumbe usanakhwime chifukwa venda wafika ndi ndalama m'manja. Mukakumba, makoko ayang'ane kumwamba, asagone padothi. Chiperoni chikatsika, dikirani, musathamangire kuika m'thumba. Matumba akhale pamitengo, asakhudze pansi kapena khoma. Madzi ndi mtedza wouma zisakumane, kaya mukufuna kulemeretsa, kaya mukufuna kufewetsa makoko poswa. Ndipo amayi, ichi ndi chanu: zosankha zija, zonyala, zakuda, zoboola, zimene timati wogula wakana ndiye tisinjire ana, musasinje. Timatumiza wabwino kwa anthu amene sitiwadziwa, woipa n'kupatsa ana athu. Kwirirani.

Esinati anandilola kubwerera patapita chaka ndi miyezi isanu chitulukire m'ndende. Ankhoswe anakhala pansi kawiri. Esinati ananena mawu ochepa: “Ndikuwalandira chifukwa ananena mwana akadali moyo. Akanadikira tsiku limodzi, sindikanawaonanso.” Sitili monga kale. Ndikabwera ndi chakudya kuchokera kumsika amachiyang'ana kaye, ndipo ine ndimamusiya, chifukwa ndi ufulu wake.

Ngati pano pali wina amene wachita kale, amene ali ndi thumba lake lobisika kapena chinthu china chimene chikumudzutsa mtima foni ikalira, sindikuuza kuti kunena sikupweteka. Kunena kunanditengera ufulu, dzina, ndi zaka ziwiri za banja langa. Koma ine ndinachedwa milungu itatu, ndipo amene analipira milungu imeneyo si ine. Ukatha msonkhano uno ndikhala pansi pa mtengo uwo kwa kanthawi. Bwerani, tipitire limodzi kwa apampando. Kuyenda awiri kumapepukako.

Tadala tsopano ali sitandade 2. Ndi wamfupi kuposa anzake, ndipo kawiri pachaka timapita naye kukaonetsa chiwindi. Adokotala amati pakadali pano zili bwino, koma za kutsogolo salonjeza. Tadala amadziwa kuti anadwala ali wamng'ono, koma sadziwa chimene chinamudwalitsa. Anzake kusukulu ayamba kale kumuponyera mawu, ndipo mwezi watha anandifunsa kuti, “Ababa, n'chifukwa chiyani amati munagwetsa phala?” Ndinamuyankha kuti ndidzamuuza akakula pang'ono. Mayi ake anandiyang'ana, ndipo madzulo ake tinagwirizana kuti sitidikira kuti amve kwa anthu. Ndimuuza ndekha, tikamaliza kukolola chaka chino.

Ndaima pamaso pa woweruza, ndaima pamaso pa mudzi wonse, lero ndaima pamaso panu. Koma tsiku limenelo ndikuliopa kuposa onsewa. Mukamapemphera, mundikumbukire.